Bakha wa Apongozi Anga ndi Phulusa la pa Chilumba

Ana anga, Saidi ndi Tiyamike, mumakonda kunena kuti bambo wanu akamafotokoza nkhani, usipa umasanduka kampango. Ine sindikwiya, chifukwa ndikudziwa kuti usipa wakale simunauone. Zimene ndalemba panozi ndi zoona zokhazokha, ndipo pa chilichonse ndatchula mboni. Zakuti mboni zambiri zinamwalira si mlandu wanga. Ine sindinaziuze kuti zifulumire.

1977, Dwambazi

Ntchito ya ulangizi wa za usodzi ndinaiyambira pa Dwambazi, ndili mnyamata wa ku mapiri a ku Ntchisi. Madzi ochuluka amene ndinali nditawaonapo anali a m'mgolo wa pasukulu. Bwana wanga woyamba anali bambo Gondwe, munthu wa kumpoto, wamfupi, wa ndevu za pamlomo zimene zinkayamba kukalipa eni ake asanatsegule pakamwa. Tsiku lofika anayang'ana nsapato zanga, anayang'ana nyanja, kenaka anafunsa: "Mbewe, umatha kusambira?" Ndinati, "Sindinayesepo, bwana, ndiye sindinganene kuti sinditha." Iwo anati, "Chabwino. Ukamamira uzikweza buku la boma m'mwamba, lisanyowe."

Pa ofesi imeneyo chilichonse chinali choperewera kupatula udzudzu. Njinga inali imodzi ya anthu atatu, ndipo m'tayala lakutsogolo tinkalongamo udzu m'malo mwa mpweya, moti tikamadutsa m'mudzi mbuzi zinkatiperekeza. Mafomu akatha tinkalemba pa matumba a simenti. Sikelo yathu inali ya mawu amodzi: chilichonse chimene waikapo inkati makilo awiri. Ndiye ndikamakuuzani kuti pa Dwambazi ndinapha udzudzu wa makilo awiri, musamaseke. Ndinauyeza pa sikelo ya boma, malemu Gondwe akuona.

Kumeneko asodzi anandiphunzitsa ntchito imene boma linandituma kuti ndikawaphunzitse iwowo. Anandionetsa kadziwidwe ka nsomba yabwino: diso likhale lowala, mopumira mwake mukhale mofiira, ukaidina ndi chala dzenje lisatsale, ndipo mphuno yako ivomere. Mayeso anayi amenewa ndinawasunga ngati malamulo a Mose, ndipo ndinkadzitama kuti pansi pano palibe nsomba ingandinamize.

1979, Bua

Atandisamutsira ku Bua, kumene mtsinjewo umathira m'nyanja, ntchito yanga inali kuteteza mpasa pa nyengo imene imakwera mtsinje kukaswana, ndi kuphunzitsa amayi kuwamba nsomba mosamaliza nkhuni. Pa phunziro loyamba ndinaima kutsogolo kwa amayi amene anayamba kuwamba nsomba ine ndisanamere mano, nditanyamula chithunzi cha uvuni. Mtsikana wina wa mpango wobiriwira anakweza dzanja, ndipo ndinakondwa kuti pali funso. Iye anati, "A boma, pepani, nsomba yanu ikupserera." Ameneyo ndiye amayi anu, Asiyatu. Chaka chisanathe tinakwatirana, ndipo mpaka lero akandiona pafupi ndi moto amanena mawu omwewo.

Bambo awo, a Sudi, anali mmisiri wosema mabwato, munthu wolankhula pang'onopang'ono ngati akusema mawuwo. Nkhani ya chipembedzo, imene ine ndinkaiopa, anaimaliza kapu ya tiyi isanazizire: "Iwe uzipita kutchalitchi kwako, mwana wanga azipita kumzikiti kwake. Mulungu sagontha khutu limodzi." Nyumba imene boma linandilonjeza inalipo ndithu, koma pa pepala pokha, choncho a Sudi anandipatsa malo kuseri kwa nyumba yawo. Ndinakhala mkamwini weniweni, wa pakhomo.

Apongozi anga aakazi, a Nabanda, ndiwo anali ogwiritsa mwambo. Inu a masiku ano mumajambulitsa ndi apongozi anu pa foni mutakolekana mikono, ndiye ndikufotokozereni. Mkamwini sankayang'ana nkhope ya apongozi ake aakazi, sankakhala nawo pa mphasa imodzi, ndipo sankalankhula nawo maso ndi maso. Sikunali kudana ayi, unali ulemu wosefukira. Mukakumana panjira, wina ankalowa patchire kumanja, wina kumanzere. Tsiku lina tinakumana pa kamlatho ka mtengo umodzi. Iwo anabwerera, inenso ndinabwerera, ndipo aliyense anabisala m'bango kudikira kuti mnzake awoloke. Kamlathoko kanapuma kuyambira m'mawa mpaka nthawi ya swala, pemphero la masana la kumzikiti. Mboni ndi malemu a Sudi, amene anabwera kudzatitulutsa.

Kwa zaka zisanu ndi zinayi apongozi anga ndinkawadziwira zidendene. Chakumanzere chinali ndi mng'alu wofanana ndi mtsinje wa Bua pa mapu a muofesi, ndi timitsinje take tomwe. Koma pakhomo pamodzi simungakhale osauzana kanthu, ndiye tinali ndi mkhalapakati. Anali bakha wamphongo, woyera, wotsimphina, amene tinamutcha Kalaliki. A Nabanda ankaima kuseri kwa mpanda n'kunena mokweza kuti, "Iwe Kalaliki, uwauze a Mbewe kuti denga la khitchini likudontha." Ine kuno ndinkayankha, "Kalaliki, uwauze amayi kuti Loweruka ndikwera." Bakhayo ankangogwedeza mchira. Pa antchito onse amene ndagwira nawo, ndi iye yekha amene sanasocheretsepo uthenga. Chaka china malungo atandigwetsa, ndinamva mawu pawindo: "Kalaliki, uwauze kuti akafera pakhomo panga sindidzawakhululukira. Phala lili pawindopa, amalize lonse." Ndinamaliza lonse. Amayi anga ondibala anali atamwalira kale, ndipo tsiku limenelo ndinalira pang'ono, koma ndinauza amayi anu kuti ndi kwinini.

1986, kutsidya kwa nyanja ya mchere

Chaka chimenecho anandisankha kupita ku Japan ku maphunziro a miyezi itatu a kasungidwe ka nsomba. A Gondwe, amene tsopano anali atakwezedwa n'kukhala ku Boma, anati anandisankha chifukwa ndinali ndekha amene jekete lake linali ndi mabatani onse. Za kuzizira kwa kumeneko sindinena zambiri, mungati ndikunama. Ndingoti moni amene ndinapereka pabwalo la ndege tsiku lofika anauma m'malere, ndipo ndinadzamumva akusungunuka tsiku lobwerera.

Chipinda anandiika ndi munthu wa ku zilumba za Marshall, pakati pa nyanja ya Pasifiki. Dzina lake linali Joel, ine ndinkati Yoweli. Anali wamkulu kwa ine ndi zaka zingapo, wonenepa, woseka ndi mapewa, ndipo pakhosi pake panali chipsera chopingasa ngati mkanda. Chingerezi chathu tonse chinali chotsimphina ngati Kalaliki, ndiye tinamvana msanga. Ndinamufunsa kukula kwa chilumba cha kwawo. Anati, "Ukaima pakati n'kuyetsemula, anthu a mbali zonse ziwiri amakupepesa." Ndinadziwa kuti ndapeza mbale wanga.

Tsiku lina anatitengera ku msika waukulu wa nsomba, ndipo ine ndinafuna kuonetsa kuti ku Malawi sitinabwere kudzangodya mpunga. Ndinanyamula nsomba, ndinaonetsa diso, ndinatsegula mopumira, ndinaidina, ndinainunkhiza, n'kulengeza kuti nsomba yoipa singandidutse. Anzathu anaomba m'manja. Yoweli sanaombe. Tili m'basi pobwerera anati, "Mbewe, nsomba ndi nkhanu za kwathu zikhoza kukhoza mayeso ako onse anayi. Ndi zimene zinandicheka pakhosipa."

Nkhani imene anandiuza m'basi muja ndiilemba mmene ndinaimvera, ndipo pano sindithirapo kanthu. Nkhondo yaikulu itatha, asilikali a ku Amerika anasamutsa anthu a pa chilumba cha Bikini kuti aziyeserapo mabomba a nyukiliya. Kwawo kwa Yoweli kunali ku Rongelap, kutali ndithu ndi Bikini, ndipo iwo sanasamutsidwe. M'mawa wina mu 1954, iye ali ndi zaka zisanu ndi chimodzi, anaona dzuwa lachiwiri likutuluka kumadzulo. Kenaka kunabwera chimkokomo ndi chimphepo. Masana kunayamba kugwa phulusa loyera, losalala, lopanda fungo. Linagwera m'zitsime, pa nsomba zoyanika, pa madenga. Ana anasewera nalo, ena analilawa. Amayi ake anali atadzola mafuta a kokonati kumutu, ndiye phulusalo linakanirira m'tsitsi. Pasanathe masiku ambiri khungu linayamba kupsa ndipo tsitsi linkatsalira m'manja. Sitima inabwera kudzawachotsa patapita masiku awiri.

"Patapita zaka zitatu anatiuza kuti kwayera, bwererani," anatero Yoweli. "Tinabwerera tikuimba. Chilumba chinali chokongola kuposa kale. Mitengo ya kokonati itabala, nkhanu zitanenepa. Tinadya Lolemba, sitinafe. Tinadya Lachiwiri, sitinafe. Ndiye tinati aa, zinatha. Koma chinthucho chinali m'dothi, mitengo inkachimwa, nkhanu zinkadya kokonati, ife tinkadya zonse ziwiri." Madokotala ankabwera ndi kamakina kolira ngati nkhululu kakayandikira poizoniyo. Zaka zitapita, ana aja anayamba kutupa chithokomiro mmodzimmodzi, madokotala n'kumawacheka pakhosi. Amayi ena ankapita padera, ena ankabereka ana osakhalitsa. Chaka chimodzi tisanakumane, anthu a kwawo anali atasamukanso, tsopano mwa kufuna kwawo, kusiya manda a makolo awo. Amayi a Yoweli, atakalamba, anakana kukwera sitima popanda chitseko cha nyumba yawo. Anakachiimika pa chilumba cha eni, chopanda khoma, kuti tsiku lobwerera chidzakhale chokonzeka.

Ndinamufunsa chimene chinkawapweteka kwambiri amayi akewo. Anati, "Si tsitsi, tsitsi linameranso. Ndi zakuti chakudyacho ankatipakulira ndi dzanja lawo, n'kumatiuza kuti timalize."

1988, arubaini ya a Sudi

A Sudi anamwalira m'nyengo yozizira, bwato lina ali mkati molisema. Pa tsiku la makumi anayi pankayenera kukhala arubaini, mapemphero a duwa ndi sadaka, ndipo anthu ankayembekezeka kuchokera ku Boma, ku Dwangwa mpaka ku Dwambazi, chifukwa theka la mabwato a gombe limenelo linatuluka m'manja mwawo. Munthu wotere sungamupangire sadaka ya masamba. Koma chaka chimenecho mpasa inakwera yochepa, ndipo mwera unkabweza mabwato tsiku ndi tsiku. Mlamu wanga Hamisi, mwana wawo wamwamuna yekhayo, ankaonda ndi nkhawa. Iwe Tiyamike unali m'mimba, miyezi isanu ndi umodzi.

Kutatsala masiku atatu, ndinapita kukayendera mtsinje monga mwa ntchito. Pa dziwe lina kumtunda ndinamva chinthu chachilendo: kunalibe phokoso. Nditayandikira ndinaona madzi atayera ndi mimba. Tiana ta mpasa, achule, nkhanu, nkhono, ngakhale mbalame yodya nsomba inali gone pa mchenga. Nsomba zazikulu zokha ndi zimene panalibe, wina anali atatola. M'bango ndinapezamo mabotolo awiri a mankhwala opopera thonje, opanda kanthu. Nditafika kunyumba ndinapeza pabwalo pa apongozi pali chimwemwe. Mathandala atatu anali atadzaza mpasa ndi sanjika, utsi uli tolo, amayi akuimba. Mpasa imodzi inali yaitali ngati chitseko. Imeneyo mungachotsepo pang'ono, koma pang'ono pokha.

Ndinamukokera Hamisi kuseri kwa nkhokwe. Sanakane. Anati, "Alamu, musachite ngati mwaona mzukwa. Makolo athu ankathira katupe m'madziwe, n'kudya, n'kukalamba. Uyu ndi katupe yemweyo, kungoti wa m'botolo. Matumbo tataya, nsomba tawamba, utsi wapha zonse." Ndinati katupe ndi chomera, mphamvu yake imatha ndi madzi, koma za m'botolo zimalowa m'mnofu ndi m'mafuta, ndipo utsi sizikuudziwa. Anaseka. "Inu a ku mapiri mwayamba liti kudziwa nsomba? Tayesani nokha, si paja muli ndi mayeso anu aja?" Anandiponyera imodzi yaiwisi. Diso lowala, mopumira mofiira, mnofu wolimba, fungo labwino. Inakhoza onse anayi. "Ndiponso mphaka wadya dzulo," anatero Hamisi. "Suyo akuthamangitsa buluzi? Mukufuna bambo anga tiwapangire sadaka ya chigwada ngati munthu wopanda ana?" Pamenepo ndinaona kuti si umbombo umene unamutuma ku dziwe kuja.

M'mawa mwake ndinapalasa njinga kupita ku Boma. A Gondwe anamvetsera, ndevu zili phee. Anati, "Lamulo likuti utenge apolisi awiri, ukalande, ukatenthe. Ine Gondwe ndikuti ukatero, ugulirenso mphasa, chifukwa uzigona muofesi muno. Mkamwini wolowa ndi apolisi pa sadaka ya apongozi ake sindinamuonepo akukalamba pa banja." Ndinafunsa ngati tingatumize nsomba imodzi kukayezetsa. Anati zotsatira zikhoza kubwera mwana amene ali m'mimbayo atayamba sukulu. Ndiye ndinafunsa kuti nditani. Anati, "Ndinakuuza kale. Ukamamira, kweza buku." Kenaka anatsitsa mawu: "Koma lero bukulo lisiye pano. Pita wekha."

Amayi anu anandiyankha mofanana. "Bambo a Saidi, amene angaletse zimenezi ndi amayi okha. Ndikanena ine, ati ndalodzedwa ndi mwamuna wa boma. Ndipo musaganize kuti ine ndingakane kudya pa sadaka ya bambo anga anthu akuona. Akandipakulira amayi, ndidya." Anagwira pamimba pake ponena zimenezo.

Masana amenewo a Nabanda anali pansi pa mtengo wa mango, akupeta mpunga ndi amayi ena asanu, atandifulatira monga mwa nthawi zonse. Kalaliki anali pakati pathu akutola mpunga wogwa. Ndinaima kuseri kwa mpanda n'kuyamba: "Kalaliki, uwauze amayi kuti nsomba zili pa thandalazo zinaphedwa ndi mankhwala." Kupeta kunaima. Kenaka mawu anabwera: "Kalaliki, uwauze a Mbewe kuti za boma zizithera ku ofesi. Kuno kuli maliro a mwamuna wanga." Ndinati, "Kalaliki, uwauze kuti sindikulankhula za boma." Ndipo apa ndikulumbira, pali Mulungu: bakha uja anandiyang'ana, anayang'ana apongozi, kenaka anatembenuka n'kutsimphina ulendo wa kumtsinje. Zaka zisanu ndi zinayi osajomba, anasankha tsiku limenelo kupita ku tchuthi.

Ndinatsala ndi mpanda. Ndikanatha kulankhula ndi mtondo, kapena ndi mtengo wa mango, ndipo mwambo ukanandilola. Koma ndinaona kuti mawu amenewa akadutsa mwa wina afika atazizira. Ndinavula chipewa cha boma, ndinachikoleka pa mpanda, ndinazungulira, n'kukagwada kutsogolo kwawo, pafupi moti mankhusu a mpunga ankandigwera pa maondo. Mayi wina anakuwa kuti "Astaghafirullah!" Wina anagwetsa lichero. A Nabanda anakokera mpango kumaso, koma anachedwa. Ndinaiona nkhope. Inali yaing'ono, ya mphini ziwiri pa tsaya lililonse, mphuno ya amayi anu yeniyeni, ndipo diso lakumanja linali loyera ndi ng'ala. Zaka zonsezo mayi amene ankandiikira phala pawindo ankaona ndi diso limodzi, ine osadziwa.

"Mwapenga, a Mbewe?" anatero kuseri kwa mpango. Kanali koyamba kuti dzina langa lifike kwa ine osadzera mwa bakha.

"Mwina ndapenga, amayi. Mundilipitse pambuyo, nkhuku kapena mbuzi. Koma mundimve kaye."

Sindinanene za malamulo kapena za tiana ta mpasa. Ndinawauza za Yoweli: dzuwa lotuluka kumadzulo, phulusa lopanda fungo, mafuta a kumutu, chipsera cha pakhosi, chitseko choima chokha pa chilumba cha eni. Ndinawauzanso poyera kuti bomba ndi botolo si chinthu chimodzi, ndipo kuti sindingalumbire kuti wina afa Lachisanu, tsiku la sadakalo. "Mwina palibe amene adzadwale. Mwina adzadwala mmodzi, wamng'ono kwambiri, amene sanabadwe n'komwe. Sindikudziwa, amayi. Chimene ndikudziwa n'chakuti mphuno yanga pa zinthu ngati izi ndi mbuli."

A Nabanda anaika lichero pansi. Kenaka anaimirira, anapita pa thandala, anatenga mpasa imodzi n'kuinunkhiza. Mpango unali utagwera pa mapewa, ndipo sanaubwezere.

"Ikununkhira bwino," anatero.

"Inde, amayi."

"Za mnzanuyo zinkanunkhiranso bwino?"

"Akuti kuposa kale."

"Mayi akewo, powapakulira anawo, ankadziwa?"

"Sankadziwa. Anauzidwa kuti kwayera."

"Ndiye iwo alibe mlandu," anatero a Nabanda. Anaibwezera nsomba ija pa thandala pang'onopang'ono, ngati akugoneka khanda. "Koma ine mwandiuza. Mwandilakwira kwambiri, a Mbewe." Kenaka anakweza mawu: "Hamisi! Tenga khasu."

Hamisi anakana, analira, anatchula dzina la bambo ake. Amayi ake anangoti, "Bambo ako anasema mabwato zaka zonsezi, palibe limodzi linamiza munthu. Usawayambitse ali m'manda." Dzenje tinakumba awiri, ine ndi iye, kutali ndi chitsime, osalankhulana. Titakwirira, mayi wina anati pamenepo padzakhala pachonde, tidzabzalepo nthochi. A Nabanda anati, "Simunamve kuti kwa anzathuko mitengo inamwa?" Anatituma kuunjikapo miyala. Ndi mulu uja mumaufunsa kuseri kwa nyumba yakale.

Tsono funso linali ndiwo. Mpunga unalipo, chinangwa cha kondowole chinalipo. A Nabanda anatuma amayi kukathyola chigwada m'minda itatu, ine ndinakasaka nyemba, ndipo iwo anayang'ana abakha awo asanu ndi awiri. Kalaliki anali atangobwera kumene ku tchuthi chake. Ndinati, "Amayi, uyu yekha musiyeni." Iwo anandiyang'ana ndi diso lawo limodzi lija, m'maso mwenimweni, n'kunena kuti, "Ntchito yake yatha. Kapena muli ndi mawu ena ofuna kudzera mwa iye?" Ndinalibe. Shehe anamuchinja mwaulemu wonse. Nyama yake inali yolimba moti mpaka lero ndikamatafuna ndimakumana nayo.

Anthu anabwera, duwa inachitika, anadya, koma ananena. Kwa zaka zambiri pa gombe lonse ankati "sadaka ya chigwada" akafuna kuseka munthu woumira, ndipo apongozi anga ankawamva mawuwo kumsika n'kungodutsa. Hamisi anakhala zaka zinayi osandipatsa moni. Lipoti ndinalemba, la dziwe ndi mabotolo, koma dzina sindinalembe. Ndinaona kuti dzenje lija analikumba ndi manja ake. Mphaka uja anakhala zaka zina khumi ndi chimodzi, dala, kuti andichititse manyazi, ndipo Hamisi titayanjana ankamunyamula n'kumandionetsa alendo akabwera. Choncho musandifunse ngati ndinapulumutsa munthu. Sindikudziwa. Iwe Tiyamike unabadwa ndi zala zonse ndi mawu opitirira muyeso, ndipo ine zinandikwanira. Nkhuku ya chindapusa ndinalipira. Ine ndi apongozi tinaidyera pa mphasa imodzi.

2003

Nkhani yonseyi ndinamulembera Yoweli chaka cha sadaka chomwecho, ndipo patapita miyezi inayi yankho linabwera. Anati anawawerengera amayi ake, ndipo iwo anaseka za bakha mpaka kutsokomola, kenaka anati, "Ukamuuze mayi ameneyo kuti ndamupatsa moni." Nditawauza a Nabanda, anandifunsa kuti chilumbacho chili mbali iti. Ndinaloza kum'mawa, kupitirira Msumbiji. Kuyambira pamenepo, kalata ikabwera ankafika pakhomo asanaitanidwe: "Mnzanga uja wabwerera kwawo?" Ndinkati ayi, sanabwerere. Ankati, "Chitseko chija azichidzoza mafuta, chiswe chingadye." Makalata anapitirira zaka zingapo. Ina inanena kuti amayi ake amwalira pa chilumba cha eni. Kenaka makalata a Yoweli anasiya kubwera, ndipo anga awiri sanayankhidwe. Za imfayo apongozi sindinawauze. Akafunsa ndinkangoti sanabwerere, ndipo silinali bodza.

A Nabanda anadwala mu 2003, m'nyengo yokolola mpunga. Tsiku lomaliza, dzuwa lili pamutu, anapempha kuti tiwatulutsire pakhonde. Amayi anu anali kumutu, ine kumiyendo, nditagwira chidendene chija cha mtsinje wa Bua, chimene ndinachidziwa nthawi yaitali kuposa nkhope. Anatsegula diso n'kufunsa, "A Mbewe, mnzanga uja?"

Ana anga, moyo wanga wonse pakamwa panga sipanasowepo chowonjezera. Ndikanatha kuwauza kuti anabwerera, chitseko anachiika pa nyumba ya malata, nkhanu akudya mpaka kutaya. Koma mayi ameneyu ndinamuyang'ana kumaso koyamba pa nkhani yoona, ndipo sindikanatha kutsazikana naye ndi ina.

"Anatsogola, amayi. Kalekale. Kwawo sanafikeko."

Ndinkayesa akwiya kuti ndinawabisira. Anangogwedeza mutu pang'ono. "Ndiye ndikamupeza," anatero. "Ndikamuuza kuti nsomba zija tinakwirira."

Pa mawu amenewa mboni ilipo, ndipo ili moyo. Pamene ndikulemba pano ili kukhitchini, ikukuwa kuti nsomba yanga ikupserera.